Mphete ya Pepala

Manja a munthu ndi chida chodabwitsa. Kuyambira kalekale makolo athu akhala akupanga zinthu zokongola ndi zothandiza pogwiritsa ntchito manja awo ndi zomera za m'tchire. Amang'amba nsungwi naluka malichero ndi madengu. Amasoka mphasa za bango ndiponso amaluka mikeka ya mlaza. Ana nawonso satsalira m'mbuyo. Anyamata amapanga magalimoto a mawaya, ndipo atsikana amaumba timiphika ta dothi poseŵera masanje. Mukapita pa msika wa Nsungwi, ku Area 25 mumzinda wa Lilongwe, ngakhale pa msika wina uliwonse, mudzaona kuti ntchito za manja zikudyetsa mabanja ambiri.

M'phunziro lino tiphunzira luso lina la manja limene linachokera kutali, ndilo luso lopinda pepala. Tiphunzira kupanga mphete popanda ulimbo, singano kapena ulusi. Tionanso chifukwa chake sitiyenera kupanga mphete yotere ndi ndalama ya pepala, ngakhale kuti anthu ena m'maiko akunja amatero.

Kumene lusoli linachokera

Pepala linayamba kupangidwa m'dziko la China. Mbiri imatchula munthu wina wogwira ntchito kunyumba ya mfumu, dzina lake Cai Lun, amene m'chaka cha 105 anaonetsa mfumu njira yabwino yopangira pepala ndi makungwa a mitengo, nsanza ndi maukonde akutha a asodzi. Patapita zaka ngati mazana asanu, luso lopanga pepala linafika ku Japan, dziko la zilumba limene lili kum'maŵa kwa China. Poyamba pepala linali lokwera mtengo, motero anthu ankalipinda pa miyambo ya chipembedzo ndi pokulunga mphatso. Pepala litachuluka, ana ndi akulu omwe anayamba kulipinda pongosangalala. M'chaka cha 1797 ku Japan kunasindikizidwa buku lophunzitsa kupinda mbalame za pepala, ndipo limeneli ndi limodzi mwa mabuku akale kwambiri onena za lusoli.

Anthu a ku Japan amatcha lusoli origami. Dzinali lapangidwa ndi mawu aŵiri a m'chiyankhulo chawo: ori, kutanthauza kupinda, ndi kami, kutanthauza pepala. Amisiri ambiri a origami amatsata lamulo lakuti akayamba kupinda, asadulenso pepalalo kapena kulimata. Mmisiri wotchuka kwambiri pa lusoli anali Akira Yoshizawa, amene anabadwa m'chaka cha 1911 namwalira m'chaka cha 2005. Iyeyu anathandiza kukonza zizindikiro za mizere ndi mivi zimene mabuku a origami amagwiritsa ntchito mpaka lero. Chifukwa cha zizindikirozo, mwana wa ku Malaŵi angathe kutsata zithunzi za m'buku la ku Japan ngakhale asakudziŵa chiyankhulo cha kumeneko.

Chinthu chodziŵika koposa zonse mu origami ndi mbalame ya khosi lalitali ndi miyendo yaitali, yofananako ndi kakoŵa, imene a ku Japan amaitcha tsuru. Mbalameyi imakumbutsa anthu za mtsikana wina dzina lake Sadako Sasaki. Iye anali ndi zaka ziŵiri pamene bomba loopsa linaponyedwa pa mzinda wa Hiroshima m'chaka cha 1945. Patapita zaka pafupifupi khumi anadwala matenda a m'magazi obwera chifukwa cha bombalo. Ali m'chipatala anapinda mbalame za pepala zambirimbiri, akuyembekeza kuti achira. Mapepala akamthera, ankatola timapepala tokulungira mankhwala ndi maswiti. Sadako anamwalira m'chaka cha 1955 ali ndi zaka 12, ndipo m'chaka cha 1958 ku Hiroshima anaimika chipilala chokumbukira iye ndi ana onse amene anafa ndi bombalo. Mpaka lero ana a m'maiko ambiri amatumiza kumeneko mbalame za pepala popempha mtendere.

Taonani kuti Sadako sanafune pepala la mtengo wapatali. Kukongola kwa chinthu chopindidwa kumachokera m'manja ndi m'mtima mwa wopindayo.

Mphete ya ndalama

Lusoli litafalikira, anthu ena, makamaka ku America, anayamba kupinda ndalama za pepala. Amapanga timalaya, nsomba, agulugufe ndi mphete, napereka zimenezi kwa anzawo ngati mphatso. Ndalama ya ku America, yotchedwa dola, ndi yaitali masentimita 15 ndi theka kudza pang'ono, ndipo m'lifupi mwake ndi masentimita 6 ndi theka. M'ngodya zake muli nambala yosonyeza mphamvu ya ndalamayo. Wopinda akachita mwaluso, nambalayo imakhala pamwamba pa mphete ngati mwala wonyezimira.

Ife tipanga mphete yofanana ndi imeneyo, koma tigwiritsa ntchito pepala wamba lodulidwa pa msinkhu wonga wa dola.

Kapangidwe ka mphete

Pezani pepala la m'kope lakale kapena la m'magazini, rula, pensulo ndi sizasi. Sambani m'manja ndi kupukuta desiki lanu. Dulani pepala lotalika masentimita 16, m'lifupi mwake masentimita 6. Ntchito ya sizasi yathera pomwepa. Khalani aŵiriaŵiri, pakuti mutu umodzi susenza denga.

1. Ikani pepala pa desiki chopingasa. Lipindeni pakati m'litali mwake, kuti mphepete ya m'munsi ikumane bwino ndi ya m'mwamba. Tsindikani mzerewo ndi chikhadabo.

2. Lipindeninso pakati m'litali momwemo. Tsopano muli ndi kalamba kotalika masentimita 16, m'lifupi mwake sentimita imodzi ndi theka. Nsonga ya kudzanja lamanja tiitcha mutu, ndipo ya kumanzere tiitcha mchira.

3. Kulungani kalambako pa pensulo, kenaka kamasuleni. Mukatero kafeŵa ndipo sikavuta kukhotetsa.

4. Yezani masentimita 6 kuchokera ku nsonga ya mchira ndipo ikani kadontho. Pindani chopendeketsa pa kadonthopo kuti mchira uloze m'mwamba. Kalamba kanu kaoneke ngati chilembo cha L. Pamene papindikapo tipatcha pa chigongono.

5. Pemphani mnzanu akubwerekeni chala. Ikani chigongono pamwamba pa chalacho. Tengani mutu, muuzungulize kuseri kwa chala, utulukire kumanzere, udutse pamwamba pa chigongono ndi kupitirira ngati masentimita aŵiri ndi theka. Musathinitse, chifukwa mphete idzachepa pang'ono mukamamanga.

6. Gwirani zolimba pa chigongono ndi zala ziŵiri ndipo vulani mphete m'chala cha mnzanuyo. Pindani mchira kuti utsike ndi kuphimba lamba limene ladutsa pa chigongono. Uloŵetseni m'kati mwa mphete kuchokera kunsi, utulukire kumwamba, ndipo muutsitsenso kutsogolo. Mwamanga mfundo ya mbali zinayi.

7. Bwezani mutu kumanzere kuti uphimbe mfundoyo.

8. Kansonga ka mutu kamene katsala, kaloŵetseni pansi pa mfundo kuchokera kumanzere. Nsonga ya pensulo ingakuthandizeni kukankha. Ngati kansongako katalika, kapindeni pang'ono musanakaloŵetse.

Mphete yatha. Pamwamba pa mfundo mungathe kulemba chilembo choyamba cha dzina lanu kapena kujambula duŵa. Ngati mphete yoyamba yamasuka, musataye mtima. Yambaninso ndi pepala lina, ndipo samalani kuti mizere yanu ikhale yowongoka. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono nkudekha.

Zimene zimachitika pepala likapindidwa

Tsopano tengani mphete imodzi, muimasule ndi kuiyala pa desiki. Kodi pepalalo labwerera mwakale? Iyayi. Ladzaza mizere ya m'litali ndi yopingasa, ndipo ngakhale mulisisite chotani, mizereyo sichoka.

Pepala limapangidwa ndi timaulusi tating'ono kwambiri tolukanalukana. Mukang'amba pepala ndi kuyang'anitsitsa m'mphepete mwake, mudzaona timaulusito tikutuluka ngati ubweya. Mukapinda pepala ndi kutsindika ndi chikhadabo, timaulusi tina ta pa mzerewo timathyoka. Mukapindanso pomwepo, tinanso timathyoka, kufikira pepala ling'ambika lokha. Malo ofooka koposa ndi pamene mizere iŵiri yadutsana, ndipo pamenepo mpamene kabowo kamayambira.

Ndalama zambiri za pepala zimapangidwa ndi ulusi wa thonje, mbewu yomwe ija imalimidwa ku Chikwawa, ku Balaka ndi ku Salima. Nchifukwa chake ndalama ndi yolimba kuposa pepala la m'kope, ndipo simangosungunuka ikanyowa pang'ono. Komabe kulimba kwake kuli ndi malire. Kumbukirani kuti ndalama imadutsa m'manja ambirimbiri, ndipo aliyense akaifooketsa pang'ono, sikhalitsa.

Ndalama za dziko lathu

Ndalama za pepala nazonso zinayambira ku China, zaka ngati chikwi chimodzi zapitazo. Kuno kwathu, m'nthaŵi ya atsamunda ndi m'zaka zoyamba za ufulu, anthu ankagwiritsa ntchito mapaundi, mashiling'i ndi mapeni. Kwacha ndi tambala zinayamba m'chaka cha 1971, ndipo pa nthaŵiyo paundi imodzi inkasinthidwa ndi makwacha aŵiri. Matambala 100 amapanga kwacha imodzi. Maina aŵiriŵa ndi a chiyankhulo chathu. Tambala akalira m'mamaŵa timadziŵa kuti kwacha, ndipo mawuŵa ankatchulidwa kwambiri pamene anthu ankamenyera ufulu umene tinalandira m'chaka cha 1964.

Ntchito yotulutsa ndalama ili m'manja mwa banki yaikulu ya dziko lino, yotchedwa Reserve Bank of Malawi. Bankiyi inayamba ntchito m'chaka cha 1965 ku Blantyre, ndipo m'chaka cha 1981 likulu lake linasamukira ku Lilongwe. Palibe munthu wina kapena banki ina imene imaloledwa kupanga ndalama za Malaŵi.

M'chaka cha 2012 bankiyi inatulutsa ndalama za pepala zatsopano zokhala ndi nkhope za anthu amene anatumikira dziko lino. Pa K20 panali Inkosi ya Makhosi M'mbelwa II ya ku Mzimba, pa K50 Inkosi ya Makhosi Gomani II ya ku Ntcheu, ndipo pa K100 panali James Frederick Sangala, mmodzi mwa anthu amene anayambitsa bungwe la Nyasaland African Congress m'chaka cha 1944. Pa K200 anaikapo Rose Chibambo, amene anatsogolera amayi pomenyera ufulu. Pa K500 anaikapo Mbusa John Chilembwe, amene anaukira atsamunda m'chaka cha 1915, ndipo pa K1,000 anaikapo Dr Hastings Kamuzu Banda, mtsogoleri woyamba wa dziko la Malaŵi. Ndalama ya K2,000 inatuluka m'chaka cha 2016, ndipo ya K5,000 m'chaka cha 2022. Kuseri kwa ndalamazi kuli zithunzi za zinthu za kwathu kuno, monga njovu za ku Kasungu pa K50, Nyumba ya Malamulo ya ku Lilongwe pa K200 ndi damu la Mulunguzi la ku Zomba pa K500.

Pa ndalama iliyonse palinso zizindikiro zotithandiza kusiyanitsa yeniyeni ndi yachinyengo. Mukaipenyetsa ku dzuŵa mumaona chithunzi chobisika m'kati mwa pepala. Palinso kachingwe kodutsa kuchokera pamwamba kufika pansi, ndi manambala amene sapezeka pa ndalama ina iliyonse. Ndalama ikakwinyika, ikada kapena ikang'ambika, zizindikirozi sizioneka bwino, ndipo anthu amayamba kuikayikira.

Ulendo wa ndalama pa msika

Taganizani za ndalama imodzi ya K1,000 pa msika wa Nsungwi. M'maŵa bambo wogwira ntchito ku Kanengo aipereka kwa kondakitala wa minibasi. Kondakitala agulira mandasi. Mayi wa mandasi aipereka kwa wogulitsa makala, ndipo wa makala aipereka ngati chenji kwa mayi wina wodzagula. Dzuŵa lisanaloŵe ndalama yomweyo yagwira ntchito m'mabanja asanu. Aliyense wailandira chifukwa akukhulupirira kuti mnzake nayenso ailandira.

Tsopano tiyerekeze kuti mayi womalizayo watuma mwana wake wamkazi kukagula matimati. Panjira mwanayo wakumbukira zimene anaphunzira kusukulu, ndipo wapinda ndalamayo kukhala mphete kuti akaonetse anzake. Atafika pa benchi la matimati wayamba kuimasula mofulumira, koma popeza ndalamayo inali kale yofooka, yang'ambika pakati.

"Mwanawe, ndalama iyi waitani?" afunsa mayi ogulitsa matimati.

"Pepani mayi, ndinangoipinda pang'ono," ayankha mwanayo atanjuta.

"Ine sindingailandire. Ndikailandira, kopikula matimati maŵa akandikanira. Bwerera nayo kwa amayi ako."

Mwanayo abwerera kunyumba chimanjamanja, misozi ili m'maso. Amayi ake ayang'ana zidutswa ziŵirizo nati, "Mwanangu, ndalama imeneyi atate ako anaikhetsera thukuta. Nanga ndiwo za lero tithiramo chiyani?"

Nzoona kuti ndalama yong'ambika munthu angathe kupita nayo ku banki, kumene amaiyang'ana ndi kuona ngati ingasinthidwe. Koma ulendo wotero umatha nthaŵi, mwinanso ndalama zoyendera, ndipo mphika uli pamoto sudikira.

Amene amalipira ndalama ikawonongeka

Ndalama zakutha sizingosoŵa zokha. Mabanki amazisonkhanitsa ndi kuzitumiza ku banki yaikulu, kumene amazisankha. Zimene zikadali zabwino zimabwerera kwa anthu, ndipo zakutha zimawonongedwa. M'malo mwake pamafunika kusindikiza zina. Ndalama zathu za pepala zimasindikizidwa kunja kwa dziko lino, ndipo osindikizawo amalipidwa ndi ndalama zakunja. Ndalama zakunjazo dziko limazipeza movutikira pogulitsa fodya, tiyi, shuga ndi mbewu zina, ndipo ndi zomwezonso zimene timagulira mankhwala a m'zipatala, feteleza ndi mafuta a galimoto. Motero munthu wowononga ndalama amalanda dziko lonse, ngakhale ndalamayo ili m'thumba mwake.

Nchifukwa chake banki yaikulu yakhala ikupempha anthu kuti azisamala ndalama, ndipo malamulo a dziko amaletsa kuiwononga mwadala. Bankiyi yadandaulanso kaŵirikaŵiri ndi zimene zimachitika pa maukwati ndi pa zinkhoswe pa nthaŵi ya perekaniperekani, pamene anthu amaponya ndalama m'mwamba, zigwera pansi, ovina nazipondaponda. Kufupa mkwati ndi mkwatibwi ndi mwambo wabwino, koma ndalama iyenera kuikidwa mwaulemu m'mbale kapena m'lichero.

Nazi njira zosamalira ndalama ya pepala. Isungeni yowongoka m'chikwama kapena m'kabuku. Ngati nkofunika kuipinda, ipindeni kamodzi kokha pakati, osatsindika ndi chikhadabo. Musaifumbate m'manja mwa thukuta, ndipo musaimange mfundo pa ngodya ya chitenje. Musalembepo, musaiboole, ndipo musaigwire ndi manja a mafuta, a makala kapena a nsomba. Musanachape zovala, pisani m'matumba. Musaike ndalama m'kamwa, pakuti yadutsa m'manja ambiri ndipo ingakupatseni matenda.

Ana inu, luso lopinda pepala ndi labwino. Limaphunzitsa munthu kuyeza molondola, kudekha ndi kutsata malangizo mwa dongosolo. Pindani mphete, mabwato ndi mbalame zambiri monga mungathere, pakuti mapepala akale ali ponseponse ndipo sagulidwa. Mukafuna kupatsa mnzanu mphatso ya ndalama pamodzi ndi mphete, ikani ndalamayo yowongoka mu envulopu, ndipo pamwamba pake ikanipo mphete ya pepala imene mwapinda nokha. Mnzanuyo adzavala mpheteyo, ndipo ndalama idzapitiriza ulendo wake ili yathunthu.

Matanthauzo a mawu

luso: nzeru yochitira chinthu bwino ndi manja
mmisiri: munthu wodziŵa bwino ntchito ya manja
chipilala: chinthu chomangidwa kuti anthu azikumbukira munthu kapena zimene zinachitika
chopingasa: chogona kuchokera kumanzere kupita kumanja
kutsindika: kukanikiza mwamphamvu
atsamunda: anthu a dziko lina amene ankalamulira dziko lino tisanalandire ufulu
kunjuta: kuoneka wachisoni ndi wamanyazi
kupikula: kugula katundu wambiri pa mtengo wotsika kuti ukagulitse
chimanjamanja: wopanda kanthu m'manja

Mafunso

1. Tchulani zinthu zitatu zimene makolo athu amapanga ndi nsungwi, bango kapena mlaza.
2. Kodi pepala linayamba kupangidwa m'dziko liti?
3. Kodi dzina lakuti origami limatanthauza chiyani?
4. Kodi Akira Yoshizawa anathandiza bwanji anthu ophunzira origami?
5. Kodi Sadako Sasaki ankagwiritsa ntchito mapepala otani mapepala ena akamthera? Nanga ife tikuphunzirapo chiyani?
6. Fotokozani chimene chimachitika ndi timaulusi ta pepala tikalipinda kaŵirikaŵiri.
7. Kodi kwacha ndi tambala zinayamba m'chaka chiti? Nanga zisanayambe anthu ankagwiritsa ntchito ndalama zanji?
8. Tchulani anthu anayi amene nkhope zawo zinaikidwa pa ndalama za m'chaka cha 2012.
9. Nchifukwa chiyani mayi ogulitsa matimati anakana ndalama ya mwana uja?
10. Fotokozani mmene kuwononga ndalama kumapwetekera dziko lonse.

Miyambi

Fotokozani tanthauzo la mwambi uliwonse, ndipo nenani mmene ukugwirizanirana ndi phunziroli.

1. Kuona maso a nkhono nkudekha.
2. Mutu umodzi susenza denga.
3. Tsokonombwe anatha mtunda nkudumpha.
4. Wakutsina khutu ndi mnansi.

Malamulo a chiyankhulo

Mneni ndi mawu osonyeza ntchito imene ikuchitika. Tikamauza munthu chochita timagwiritsa ntchito mneni wolamula. Polamula mwana mmodzi timati pinda. Polamula anthu ambiri, kapena popereka ulemu kwa munthu wamkulu, timawonjezera ni kumapeto, timati pindani. Poletsa timati usapinde kapena musapinde.

(a) Pezani aneni olamula khumi m'malangizo a kapangidwe ka mphete ndipo alembeni m'makope mwanu.

(b) Sinthani ziganizo izi kuti zikhale zaulemu:
1. Dula pepala ili.
2. Samba m'manja.
3. Ika ndalama m'lichero.
4. Yeza masentimita asanu ndi limodzi.

(c) Sinthani ziganizo izi kuti zikhale zoletsa:
1. Lembani pa ndalama.
2. Fumbatani ndalama m'manja.
3. Ponyani ndalama pansi.
4. Thinitsani mphete.

Zochita

1. Pangani mphete ziŵiri za pepala. Imodzi ikongoletseni ndi kukapatsa wina wa kwanu. Inayo imasuleni, ndipo ŵerengani mizere ya m'litali ndi malo amene mizere yadutsana.
2. Tengani kapepala ka m'kope ndi ka nyuzipepala. Pindani kalikonse uku ndi uku pa mzere umodzi kufikira kang'ambike. Ŵerengani kuti mwapinda kangati, ndipo yerekezani zimene mwapeza ndi zimene apeza anzanu.
3. Mukapinda pepala pakati kamodzi limakhala mapepala aŵiri osanjikizana. Mukapinda kaŵiri amakhala anayi. Kodi adzakhala angati mukapinda kasanu?
4. Pemphani makolo anu akuonetseni ndalama ya pepala. Popanda kuipinda, pezani chithunzi chobisika, kachingwe ndi manambala ake. Jambulani m'kope mwanu chimene chili kuseri kwake.
5. Funsani agogo anu kapena munthu wina wachikulire za ndalama zimene ankagwiritsa ntchito ali mwana, ndi mmene ankazisungira. Kafotokozereni anzanu m'kalasi.

Chimangirizo

Lembani chimangirizo cha ndime zitatu pa mutu uwu: "Ine ndine ndalama ya K500." Fotokozani kumene munachokera, manja amene mwadutsamo pa tsiku limodzi la msika, ndi mmene mukufunira kuti anthu azikusungirani.